Mbale za GV: Kaunjika Amene Adabala Rumba

Pali mkangano wina umene sukalamba pakati pa ife okonda nyimbo kuno ku Dowa. Ukausiya pa Mponela ukaupeza pa Madisi, ndipo ukakwera mapiri kulowera ku Ntchisi uupeza utakudikira pa bawo. Ena amati rumba ndi nyimbo yachilendo imene idadza kudzapha magule athu. Ena amati ayi, ndi yathu yomwe, idangopita kukayenda kutsidya kwa nyanja yamchere n'kubwerako. Ine ndikuti mbali zonse ziwiri zikuphonya, ndipo chophonyetsa n'chimodzi: tonse timakamba ngati kuti nyimbo imauluka yokha ndi mphepo. Nyimbotu siyenda yokha. Pamakhala wina woijambula, woiumba pa mbale, woilongeza m'bokosi, woikweza sitima, ndi wina wowerenga ndalama dzuwa likalowa. Wofuna kudziwa kumene rumba idachokera afunse amalonda, asangofunsa ovina. N'chifukwa chake lero ndati tikambe za zilembo ziwiri, G ndi V.

Nkhani yake ikuyambira pa umphawi wa anthu olemera. Mu 1929 chuma cha dziko la America chidagwa chagada, ndipo munthu akasowa ya ufa sagula nyimbo. Mu 1927 anthu a kumeneko adagula mbale za galamafoni zoposa 100 miliyoni. Pofika 1932 adagula 6 miliyoni zokha basi. Ku Britain nakonso zinthu zidathina, mwakuti mu 1931 makampani awiri akuluakulu adaphatikizana n'kupanga EMI. Imodzi idali Columbia, inzake Gramophone Company, eni chizindikiro chija cha galu wotchera khutu pa lipenga la galamafoni, His Master's Voice. A Gramophone adali pa ubale wakale ndi kampani ya ku America yotchedwa Victor, ndipo Victor idali itajambula kale oimba ambiri a ku Cuba, ena ku Havana ena ku New York.

Ndiye mu 1933 akuluakulu a EMI adaganiza zanzeru zamalonda. Nyimbo zojambulajambula zilipo, oimba adalipidwa kale, bwanji osaziumbanso pa fakitale ya ku Hayes, kufupi ndi London, n'kukazigulitsa ku Africa? Mbale iliyonse adaipatsa nambala yoyamba ndi zilembo GV. Kuchokera chaka chimenecho mpaka cha m'ma 1958 zidatuluka mbale ngati 250. Tanthauzo la zilembozo anthu amakanganirana, ambiri amati ndi Gramophone ndi Victor, koma ogula sadataye nazo nthawi. Chisipanishi sadali kuchimva, maina a nyimbo adali ovuta pa lilime, ndiye munthu amangofika m'sitolo n'kutchula nambala.

Tinene mosapsatira, awerengi anzanga: GV idali kaunjika. Palibe adakhala pansi ku London n'kunena kuti tiyeni tibwezere ana a Africa chuma cha makolo awo. Adali katundu woti wavalidwa kale kwina, womangidwa m'mabelo kuti akapezeko kangachepe kumaiko a atsamunda. Koma paja kaunjika amatengera womusankha. Wina amatolamo sanza, wina amatolamo jekete yokakwatira nayo.

Mbalezo zidali zakuda, zolemera, zosweka ngati phale zikagwa pansi. Zimazungulira ka 78 pa mphindi, ndipo mbali imodzi imatha pa mphindi zitatu. Galamafoni yake idali yopukusa ndi dzanja, singano yachitsulo yosinthasintha. Apa pali mfundo imene ambiri amaidumpha: chipangizochi sichimafuna magetsi. Chimafika kulikonse kumene njinga kapena mutu wa munthu ungafike.

Mwa nyimbo zoyambirira za GV, imene idamanga nthenje ndi El Manisero. Adaipeka ndi Moisés Simons, ndipo idajambulidwa ku New York mu 1930 ndi gulu la Don Azpiazu lotchedwa Havana Casino Orchestra, woimba ali Antonio Machín. Nkhani yake simungaikhulupirire: munthu wogulitsa mtedza wokazinga mumsewu akuitanira malonda anthu asadagone. Basi. Ife a kuno kumene chalimbana ndi ndiwo, ndi ndalama, ndi fizi ya mwana, nyimboyi sitifuna wotitanthauzira. Kuitana kwa Machín, kokoka mawu mpaka mpweya kutsala pang'ono kutha, n'komwe kuja timakumva pa zenera la basi pa Mponela.

Ndikaimvetsera lero, chimene chimandigwira mtima ndi kudziletsa kwake. Pansi pa nyimbo pali kachidutswa kamodzi kobwerezabwereza, kosasuntha, ngati musi ndi mtondo. Pamwamba pake lipenga limayenda mwaulemu, likulankhula pang'ono n'kusiyira woimba. Maseche salekeza. Pothera mawu amanka nazilala, wamalonda uja akukhota pa ngodya ya msewu. Palibe wothamanga, palibe wofuna kuposa mnzake. Oimba athu a lero, amene amathira zoimbira makumi awiri za m'kompyuta pa nyimbo imodzi ngati mayi wothira mchere ali pa mkangano, akadaphunzirapo kanthu.

Komabe tisakometse zonse. Dzina la gululo likudziulula lokha: lidali gulu loimbira anthu a ndalama m'nyumba ya juga, ovala masuti, ovina mosamala kuti thukuta lisaononge kolala. Ukali wa ng'oma adauchepetsa kuti usaopse alendo. Kwa ine mnofu weniweni wa GV uli mwa magulu ang'onoang'ono, monga Trio Matamoros ya ku Santiago de Cuba, imene idayamba mu 1925, ndi Sexteto Habanero ya ku Havana. Awa amaimba mtundu wa nyimbo wotchedwa son. Ku Cuba kwenikweniko rumba ndi gule wina, wa ng'oma ndi mawu okha, wovinidwa m'makomboni a ku Havana ndi Matanzas. Koma amalonda a ku America adaona kuti dzina lakuti rumba likugulitsa, ndiye adalimata paliponse. Ngakhale dzina limene tikukanganiranali lidafala ndi ogulitsa. Anzathu a ku Congo ali ndi yawo nkhani, amati lidachokera ku nkumba, liwu la Chikongo lotanthauza mchombo, koma pa mbale lidalembedwa ndi dzanja la wamalonda.

Nanga n'chiyani chidachititsa kuti makutu a Africa aikonde son kuposa nyimbo za asilikali ndi za m'maholo a azungu zimene zimagulitsidwa m'masitolo omwewo? Mvetserani kamangidwe kake. Pali timitengo tiwiri togogodana, totchedwa claves, tomenya kasanu: katatu, kenaka kawiri, ndipo zoimbira zonse zimatsamira pamenepo. Nyimbo ikafika pakati, wotsogolera amaponya mawu, gulu n'kuvomera, iye kuponyanso, gulu kuvomeranso, monga amachitira amayi pa chimtali. Magulu oyambirira adali ndi marímbula, bokosi lokhala ndi timano tachitsulo todina ndi zala, mchimwene wake wa kalimba ndi sansi. Izi sizidagwe kumwamba. Ukapolo ku Cuba udatha mu 1886, ndipo mwa anthu amene adatengedwa kunka kumeneko, ochuluka zedi adali a ku chigawo cha mtsinje wa Congo.

Apa ndiye pamene anzanga a "idangobwerera kwawo" amaombera m'manja. Dikirani kaye. Mu son muli Africa, inde, komanso muli Spain: magitala, chilankhulo, kapekedwe ka ndakatulo, kayendedwe ka mawu awiri oimba mogwirizana. Ndi mwana wobadwira m'munda wa nzimbe, wa makolo awiri amene sadakwatirane mwa chifuniro. Kunena kuti nyimbo idangobwerera kuli ngati kunena kuti mwana wa mlongo wako wobadwira ku Joni ndi mlongo wako yemweyo. Magazi ndi amodzi koma munthu ndi wina. Choipa china cha nthanoyi n'chakuti imabisa thukuta la anthu amene adalandira mlendoyu n'kumulera.

Amene adamulera ndi oimba a ku Léopoldville, Kinshasa ya lero, ndi a kutsidya kwa mtsinje ku Brazzaville. Poyamba amangotsanzira, mpaka kumaimba Chisipanishi chopeka chimene ngakhale mwini wake wa ku Havana sakadachimva. Koma mu 1948 Mgiriki wina, Nicolas Jeronimidis, adatsekula kampani yojambula nyimbo mumzindamo n'kuitcha Ngoma, liwu lomwe lija lathu la ng'oma. Chaka chomwecho Wendo Kolosoy ndi Henri Bowane adajambulako Marie-Louise. Posakhalitsa padabwera Opika, kenaka Loningisa mu 1950, kumene Franco adayambira ali mnyamata. Joseph Kabasele adakhazikitsa African Jazz mu 1953, O.K. Jazz idabadwa mu 1956. Chilingala chidalowa m'malo mwa Chisipanishi. Zimene ku Cuba zimaimbidwa ndi piyano ndi malipenga, Dr Nico ndi Franco adazisamutsira pa nsambo za magitala amagetsi. Pofika 1960, pamene Kabasele amajambula Indépendance Cha Cha ku Brussels pa nthawi ya zokambirana za ufulu wa dziko lake, jekete ya kaunjika ija idali itasokedwanso mwakuti mwini wake woyamba sakadaizindikira.

Eni masitudiyo aja sadali angelo ayi. Zoimbira zidali zawo, umwini wa nyimbo udali wawo, woimba amalandira zochepa. N'chifukwa chake Kabasele adayambitsa kampani yakeyake, Surboum African Jazz, ufulu utayandikira. Koma mfundo yanga ndi iyi: mumzindamo mudali malo oti mnyamata waluso n'kulowa m'mawa, sabata zingapo nyimbo yake ili pa mbale yokhala ndi dzina ndi nambala, ikugulitsidwa mpaka kumaiko oyandikana nawo. Mnzake amaimva, n'kufuna kuiposa. Umo ndi mmene kutsanzira kumasandukira luso. Mu 2021 bungwe la UNESCO lidaika rumba ya ku Congo pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu onse, mndandanda womwe uja pali Gule Wamkulu wathu.

Nanga ife? Kuno rumba idafika kwambiri itadzera m'manja mwa ena. Idadza ndi asilikali a KAR obwerera ku nkhondo yachiwiri atadutsa ku East Africa, kumene magulu ngati Cuban Marimba ya Salum Abdallah ku Morogoro adadzuka zaka zomwezo. Idadza ndi amatchona ndi a Wenela ndi Mthandizi, obwera ndi sutikesi, njinga ndi galamafoni. Idadza ndi ogwira ntchito ku migodi ya kopa ya ku Northern Rhodesia, yopakana ndi Katanga, kwawo kwa Jean Bosco Mwenda. Idadzanso pa wailesi ya ku Lusaka, imene kuyambira 1949 anthu wamba amaimvera pa kawailesi kotchipa kooneka ngati sefuliya, Saucepan Special. Agogo anga aamuna amasimba kuti munthu wa galamafoni m'mudzi amalemekezedwa kuposa nyakwawa, ndipo pa Khirisimasi bwalo lake limadzaza mpaka nkhuku kusowa podutsa.

Luso lolera mlendo ife tili nalo, umboni wake ndi mganda. Makolo athu a m'mapiri muno adaona perete wa asilikali a atsamunda, nayamba kufola mizere, kuvala zoyera, kuimba malipenga a zikho. Lero alipo angaime pa bwalo ku Ntchisi n'kunena kuti mganda ndi wa Mngelezi? Daniel ndi Donald Kachamba a ku Chileka, amene Gerhard Kubik adayamba kuwajambula mu 1967, amaimba kwela ya ku Joni, sinjonjo ndi rumba yomwe, koma ukamva kamodzi umadziwa kuti awa ndi a kwathu. Choncho amene amati zachilendo zimapha chikhalidwe ayambe afotokoza za mganda.

Chidatisowa ife si khutu kapena zala. Chidatisowa ndi Ngoma yathu. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960 ku Blantyre kudali Nzeru Record Company, koma siidakhalitse. Kuchokera apo woimba amadalira situdiyo ya MBC, wailesi imodzi yokhayo ya nthawi imeneyo, pansi pa diso la lamulo la 1968 lounika zosangalatsa. Nyimbo imajambulidwa pa tepi, tepi n'kutsala ku wailesi, woimba n'kubwerera kwawo ndi kutchuka kopanda chogwira m'manja. Allan Namoko, amene adamwalira mu 1995, dziko lonse limamudziwa, koma kuti nyimbo zake zifike kunja padafunika Pamtondo, kakampani ka Dr John Lwanda ku Scotland. Nyimbo za m'midzi zimene Hugh Tracey adajambula m'dziko muno mu 1950 ndi 1958 zikusungidwa ku Rhodes University, ku South Africa. Makaseti atabwera, Paul Banda ndi situdiyo yake ku Balaka adaonetsa kuti zingatheke, ndipo onani mmene nyimbo za ku Balaka zidakulira m'zaka za m'ma 1990. Pomwe pali pojambulira pokhazikika, pamamera mtundu wa nyimbo. Ngakhale posachedwapa, Madalitso Band ya ku Lilongwe yadziwika kunja kudzera ku Bongo Joe, kampani ya ku Geneva. Tiwathokoze alendowo, koma tidzifunse.

Wina anganene kuti kampani yotere imafuna chuma cha EMI. Ayi ndithu. Mu 1964 ku New York, woimba chitoliro wochokera ku Dominican Republic, Johnny Pacheco, ndi loya Jerry Masucci adayambitsa Fania, akugulitsa mbale kuchokera kumbuyo kwa galimoto m'makomboni a anthu obwera. Son yomwe ija adaipatsa mphamvu za mumzinda, dziko n'kuidziwa ndi dzina lakuti salsa. Mu September 1974 gulu la Fania All Stars, pamodzi ndi Celia Cruz, lidakaimba ku Kinshasa pa chisangalalo chokonzekera nkhonya za Muhammad Ali ndi George Foreman. Ana awiri a son, wina woleredwa ku New York wina ku Congo, adaonana maso ndi maso. Koma nayonso Fania ili ndi chipsera: oimba ake ambiri adadandaula za malipiro, ndipo mu 2018 nkhokwe yonse ya nyimbozo idagulidwa ndi kampani ya Concord. Woimba amafa, pepala la umwini limatsala, ndipo amadya ndi wosunga pepalalo.

Tsopano tibwere pakhomo. M'boma lathu lino muli Dzaleka. Nthawi ya Kamuzu idali ndende ya anthu oganiziridwa zandale, dzina lake lokha limauza munthu kuti akatulukamo sadzayambiranso. Mu 1994 idasanduka msasa wa anthu othawa kwawo. Malo okonzedwera anthu 10,000 kapena 12,000 akusunga oposa 50,000, ndipo ambiri mwa iwo ndi ochokera ku Congo. Kunena kwina, zidzukulu za anthu amene adasoka jekete ya GV zili nafe pano, mtunda woyenda pa kabaza kuchokera pa boma. M'matchalitchi a mumsasamo magitala amalira mwa njira imene Franco akadaizindikira. Mu 2014 mlakatuli wa ku Lubumbashi, Trésor Mpauni, wodziwika kuti Menes la Plume, adayambitsa chisangalalo cha Tumaini mumsasa momwemo, ndipo anthu a mumzinda amene sadapondeko ku Dowa adayamba kubwera.

Akuluakulu adati mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa. Kodi kalumoka tikumeta nako? Timapita kukavina tsiku limodzi, kujambula zithunzi pa foni, n'kubwerera. Mu 2023 boma lidalamula othawa kwawo onse okhala m'matauni kuti abwerere kumsasa, ndipo malamulo athu amawamanga miyendo pa nkhani ya ntchito ndi maulendo. Za malamulozo akambe ena. Ine funso langa ndi la nyimbo: mnyamata wa ku Bukavu wodziwa gitala ndi mnyamata wa kwa Msakambewa wodziwa ng'oma ya mganda akukhala m'boma limodzi, akugula tomato pa msika umodzi. Adzakumana liti m'chipinda chimodzi chojambulira? Léopoldville idabala rumba chifukwa anthu a zilankhulo zosiyana adaunjikana malo amodzi, wina n'kuwaikira maikolofoni patsogolo. Kuunjikanako ife tili nako kale. Chasowa ndi cha chiwiricho.

Mudzati masitudiyo alipo, mnyamata aliyense wa kompyuta ndi situdiyo payekha. Zoona, kujambula sikudatchipepo chonchi. Koma kujambula ndi kwina, kusunga ndi kwina. Nyimbo ya lero imatuluka Lachisanu, imayenda pa WhatsApp, anyamata a pa msika amaithira m'mafoni pamodzi ndi zina mazana, yopanda chaka, yopanda dzina la woimba gitala, nthawi zina yopanda ndi dzina la mwini wake. Foni ikagwera m'madzi, mbiri yatha. Taonani kusiyana kwake: mbale za GV, zosweka ngati phale zija, mu 2004 a Topic Records adatha kuzisonkhanitsa kuchokera mu nkhokwe ya British Library n'kutulutsa chimbale chotchedwa Out of Cuba, chifukwa iliyonse idali ndi nambala ndipo wina adaisunga. Kodi nyimbo imene idavinitsa Mponela yense zaka khumi zapitazo mungaipeze kuti lero?

Pempho langa likupita kwa inu a mabizinesi a pa Mponela, pa Madisi ndi pa boma, amene ndalama za fodya, soya ndi mtedza mumamangira malo ogona alendo ndi omwera. Mmodzi yekha mwa inu apatule chipinda chimodzi. Sichifuna zambiri: zojambulira zabwino, munthu wa khutu, ndi kaundula. Nyimbo iliyonse ipatsidwe nambala, tsiku, malo, ndi maina a onse amene agwira choimbira. Woimba asaine pangano lomveka m'chilankhulo chake, lomusiyira gawo la umwini, kuti tisabwereze tchimo la Ngoma ndi Fania. Ilembetsedwe ku COSOMA, imene yakhalapo kuyambira 1992, ndipo ina ikasungidwe ku National Archives ku Zomba. Mujambule magulu a mganda ndi chimtali akadali ndi nkhalamba zodziwa nyimbo zakale. Mujambule a ku Dzaleka. Ndipo tsiku lina muwaitane onse pamodzi, mutseke chitseko, muone chimene chituluke.

Mwina choyamba chidzakhala chosokonekera ngati Chisipanishi chopeka cha anyamata a ku Léopoldville. Palibe kanthu, nawonso adayambira pomwepo. Angelezi a ku Hayes sadadziwe chimene amabzala, amangofuna kuti fakitale isatseke. Ife tikudziwa, taona ndi maso chimene mbale 250 zidachita ku Africa yense. Tikalephera, tisadzanamizire rumba kuti idapha magule athu. Gule safa chifukwa kwabwera mlendo. Amafa tsiku limene womaliza kumudziwa waikidwa m'manda popanda amene adamujambula.